Chigafa cha Abambo mu Gemu

Moni nonse kuno ku Chezi.

Masanawa ndimasewera gemu ija yomanga paki ya zisangalalo pa laputopu. Ndinadawuniloda kanyumba kamitengo komwe wosewera wina anapanga yekha, n'kukalowetsa mu gemumo pafupi ndi dziwe.

Abambo anali pambali panga. Mukudziwa kuti chidwalireni sitiroko sayankhula zambiri. Anayang'anitsitsa, kenako amvekere, "Iwe Chisomo, chigafa amamanga pamadzi? Fodyayo awola."

Ndikanawauza kuti ndi mogulitsira ayisikilimu, koma ndinangokasunthira kumtunda. Anandiuzanso mbali yolowera mphepo. Tatha ola lathunthu akulamula ngati kale kumunda.

Mawa ndibwerera ku Lilongwe, ndipo laputopuyi ndi yakuntchito. Achimwene, yanu yakale ija simungawabweretsere? Abambo akuti mawa timange chigafa chachiwiri.