Kanema Amene Anachotsa Malume ku Bua

Ndine amene ndinathamangitsa malume anga pamudzi, ngakhale sindinagwire mwala kapena chikwanje. Ndinangotsegula pakamwa panga basi. Inu owerenga, tandimverani.

Kwathu ndi kumene mtsinje wa Bua umathira m'nyanja, malo a ng'ona zolusa. Malume anali msodzi, ndipo anali ndi mwambo umene anautengera kwa bambo awo. Asanakankhe bwato ankagwada, kuwomba m'manja katatu, n'kuwaza kaufa pamadzi kupempha njira kwa makolo. Mudzi wonse unkadziwa, palibe ankadabwa nazo.

Tsiku lina kunabwera mnzanga wa ku sekondale, amene tsopano amajambula makanema mumzinda. Anati akusonkhanitsa nthano ndi zikhulupiriro za m'mbali mwa nyanja kuti zisafe. Ine, pofuna kuoneka wodziwa zinthu, ndinamuuza za malume. Iwo anakana kawiri konse. "Mphwanga, za makolo sajambula." Ndinawakakamiza, mpaka kulumbira kuti mnzangayo ndi m'bale wanga weniweni.

Malume atavomera, mnzangayo anajambula masiku atatu. Ankawabwerezetsa kuwomba m'manja kambirimbiri, ati dzuwa silinakhale bwino. Anadya chambo chathu, anagona pamphasa yanga.

Patatha miyezi iwiri kanemayo anafika m'mafoni. Mayo ine! Malume akuwomba m'manja, nthawi yomweyo ng'ona ikutulutsa mutu, ng'ona yoti anaijambula tsiku lina, malo enanso. Kenaka mayi wina wa m'mudzi mwathu akulira mwamuna wake amene anagwidwa ndi ng'ona chaka chatha. Pamwamba pake mawu a mnzanga uja akufunsa mofatsa ngati n'zoona kuti anthu ena amaweta ng'ona. Ufiti sanautchule, koma nkhope inali ya ndani?

Sabata isanathe, achibale a malemu uja anaswa bwato la malume ndi nkhwangwa, n'kuwotcha maukonde, akukuwa kuti mfiti ichoke. Ndinamuimbira foni mnzangayo. Anati iye anangofunsa funso, komanso anthu amakonda makanema otere. Mawa lake nambala yake inasiya kupezeka. Munthu woti ndinamusiyira mphasa yanga, ine n'kugona pansi! Zimandiwawa mpaka lero.

Pano malume akusungidwa ndi mwana wawo wamkazi ku Benga, akulima chinangwa, munthu amene anakulira pabwato. Ndikapita kukawaona sandikalipira, bola akanandimenya. Ulendo wathawu anangondifunsa motsitsa mawu kuti, "Kodi Bua wadzaza chaka chino?"

Inu owerenga, chikomekome cha mkuyu m'kati muli nyerere. Wamkulu akakana kuti za makolo zijambulidwe, musamukakamize, ngakhale wopemphayo mutadya naye mbale imodzi. Musalumbirire munthu amene simukudziwa kuti zithunzizo akazilumikiza bwanji. Wa kamera amanyamula chikwama chake n'kupita. Wotsala kuti aziyang'anizana ndi malume ndine.