Mayi Nasilumbu ndi Sewero la Mkazi Wamasiye

Mayi Rosemary Nasilumbu anabadwira ku Misuku, kumunsi kwa nkhalango ya Mughese, m'chaka cha 1949. Sukulu analekezera Sitandade 4, koma mapemphero ndi nyimbo za tchalitchi anazisunga pamtima. Anakwatiwa ndi bambo Sylvester, mlimi wa khofi, ndipo Mulungu anawapatsa ana atatu.

Mu 1983 bambo Sylvester anamwalira. Abale anagamula kuti mng'ono wa malemu, bambo Philip, alowe chokolo. Mayi Nasilumbu anagwada mwaulemu, nati: "Alamu, ndimakulemekezani, koma ukwati ndinamanga umodzi, paguwa. Ndikhala ndekha."

Abalewo anawalanda munda wa khofi. Akafika kumtsinje, amayi anzawo ankadula nkhani. Mayi Nasilumbu anatsegula kadimba, nalera ana ndi nyemba ndi nthochi. Loweruka lililonse ankasesa m'tchalitchi, ndipo zaka makumi atatu zinadutsa osatchulapo za mundawo.

Mu 2016 amayi a parishi yathu anakonza sewero la mkazi wamasiye wokana chokolo. Towera, mphunzitsi wachitsikana, anatenga mbali ya wamasiyeyo, koma panalibe mwamuna wovomera kusewera mlamu.

"Ndipatseni jekete," anatero mayi Nasilumbu. "Mawu ake ndikuwadziwa."

Lamulungu Misa itatha, anthu anafa nacho chiseko powaona atavala jekete ndi chipewa. Chiseko chinazima atatsegula pakamwa: "Mkazi alibe munda! Uzidya chiyani, mapemphero?" Mayiwo anali asanadziwe kuti mawuwo akadali kuwawa chotere. Pa benchi lakumbuyo bambo Philip, atakalamba tsopano, anazolika.

Sewero litatha bambo Philip anawapeza kuseri kwa tchalitchi.

"Mulamu, ndinalankhuladi choncho?"

"Ndachotsako zina, alamu."

Mkuluyo anati m'Chitumbuka: "Munigowokere."

"Ndinakukhululukirani kalekale," anayankha mayiwo. "Ndimangosowa pokuuzirani."

Chaka chomwecho mundawo unabwerera kwa ana awo.

Mayi Nasilumbu anatisiya pa 9 Juni 2023, m'mawa, atalandira sakramenti la odwala, korona ali m'manja, ana awo akuimba chapansipansi. Chichitikire sewero lija, amasiye awiri a parishi ino akana chokolo pamaso pa abale, ndipo onse awiri akukolola khofi m'minda yawo.

Ambuye awapumitse pamalo a mtendere.