Diresi Lomwe Ababa Anasokera ku Mumbai

Ndinali ndi zaka khumi ndi chimodzi pamene amayi anabwera kuchokera kuntchito, n'kukhala pampando osavula jasi, n'kunena kuti tikupita ku India kukakumana ndi ababa. Nthawi imeneyo tinkakhala ku Manchester, m'kanyumba ka njerwa zofiira komwe mawindo ake ankachita thukuta nyengo yozizira ikafika. Amayi anali namwino pachipatala china chachikulu. Ine ndinachoka ku Malawi ndili wamng'ono, ababa n'kutsalira ku Limbe chifukwa chiphaso cholowera ku England anawakaniza. Anayesanso, anawakanizanso. Chaka chilichonse ndinkamva zoti chaka chamawa ababa akubwera, ndipo ndinkakhulupirira.

Ababa anali telala. Moyo wawo wonse anasokera pakhonde la sitolo ya Mmwenye wina ku Limbe, makina patsogolo, tepi yoyezera pakhosi. Tsono anali atadwala kum'mero, chakudya chikuvuta kutsika, ndipo amayi anagwira ntchito ngati bulu mpaka anapeza njira yowatumizira ku chipatala cha ku Mumbai. Ine anangondiuza kuti madokotala akawathandiza. Zotsalazo ndinawonjezera ndekha. Ndinauza anzanga onse kusukulu, ngakhale mayi wogulitsa nyuzipepala pakona, kuti pobwera ndibwera ndi bambo anga. Ndinali mwana wosasunga nkhani, ndipo mpaka lero sindinasinthe kwenikweni.

Nditawaona pachipatala paja ndinaima kaye pakhomo. Ababa anali munthu wamtali, wa mapewa otambalala, koma amene anakhala pabedi uja kolala ya shati inkawazungulira khosi ngati yobwereka. Anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi monga amachitira atelala, n'kuseka.

“Tadala, ndiwe yemweyu? Mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi ndithu.”

Ndinamva zonse, koma ndinayankha m'Chingerezi. Lilime linali litauma, Chichewa chinkangothera m'makutu osafika pakamwa. Iwo sanadandaule. Ankandilankhula Chichewa, ine n'kumayankha Chingerezi, ndipo tinkamvana bwinobwino.

Patapita masiku anawatulutsa m'chipatala. Amayi anandiuza kuti akupezako bwino, ndipo ine ndinalumpha pabedi la kunyumba ya alendo mpaka wachipinda chapansi anagogoda. Maso a amayi anali ofiira, koma anati ndi fumbi la mumzindamo. Mawa lake ababa anadzuka m'mamawa, anavala jekete lawo la kutchalitchi, n'kunena kuti sangachoke ku India atangoona denga la chipatala.

“Bambo a Tadala, dzuwa ili simulikwanitsa,” anatero amayi.

“Ndasokera Amwenye zaka zonsezi, ndiye ndibwerere osaona kwawo? Inu pumani, mwatopa. Ine nditenga mwana wanga.”

Wotiyendetsa anali a Prakashi, msuweni wa namwino wina wa ku India amene ankagwira ntchito limodzi ndi amayi ku Manchester. Ntchito yawo inali yomweyo yoonetsa alendo mzinda. Anali bambo wamfupi, wa ndevu za pamlomo zotuwa, woyenda ndi ambulera yakuda ngakhale kunja kulibe mtambo. Atangofika anatambasula dzanja kuti anyamule chikwama cha ababa, ndipo nkhondo inayambira pomwepo. Ababa anachigwira ndi manja awiri, akuwerama pang'ono, akuti, “Ayi bwana, ayi bwana.” A Prakashi nawo akukoka, akuti mlendo sanyamula katundu. Kwa ababa, Mmwenye aliyense anali mwini sitolo, munthu amene umamuvulira chipewa. Zoti Mmwenye angawanyamulire chikwama zinali ngati kuwauza kuti akhale pampando wa abusa. Chikwamacho pamapeto pake ndinanyamula ine.

Tinakwera takisi yakuda yokhala ndi denga lachikasu, mahutala akulira mbali zonse, mpweya ukununkha nsomba zouma, lubani ndi utsi wa magalimoto. Tinayambira kuchipata chachikulu cha miyala cha m'mbali mwa nyanja. Nkhunda zinali mbwee, ojambula zithunzi akutilondola. A Prakashi anafotokoza kuti asilikali omaliza a Angerezi anatulukira pomwepo pochoka m'dzikomo. Ababa anayang'ana chipatacho nthawi yaitali.

“Ndiye anatulukira pano n'kupita kukanditsekera cha kwawo,” anatero.

Ababa ataibwereza nthabwalayo m'Chingerezi, a Prakashi anaseka mpaka kutsamira ambulera. Ine sindinaseke. Ndinawagwira ababa dzanja n'kufunsa ngati ulendo uno tibwerera limodzi ku Manchester. Anandifinya zala, n'kutembenukira kwa a Prakashi kufunsa ngati malo otchuka ochapirako zovala a mumzindamo ali kutali.

Kochapirako tinakaonera pamwamba pa mlatho, pafupi ndi siteshoni ya sitima. Pansi pathu panali timaiwe ta simenti tosawerengeka, amuna ataima m'madzi mpaka m'maondo, akumenyetsa nsalu pamiyala. Zovala zinali zitayanikidwa mizeremizere mpaka kutali, zoyera pazokha, zabuluu pazokha. Kunkamveka phaa! phaa! ngati amayi ambiri akuchapa kumtsinje tsiku limodzi. Ababa anatsamira chitsulo cha mlathowo, kupuma kukumveka.

“Kani nawonso amachapa zovala za anthu ena,” anatero chapansipansi. “Ine ndinkayesa onse anabadwira kuseri kwa kauntala.”

A Prakashi anawauza kuti bambo awo owabereka anali wonyamula katundu pasiteshoni, ndipo anamwalira msana utapindika. Kuyambira pamenepo ababa anasiya kuwatchula bwana. Anayamba kuwaitana achimwene, ndipo a Prakashi atafunsa tanthauzo lake anagwedeza mutu mwa kwawo kuja, kumanzere ndi kumanja, kusonyeza kuti alilandira dzinalo.

Masana tinaima pamsewu kudya tibanzi toika mbatata yokazinga pakati, ta tsabola woti misozi ituluke. Ine ndinadya kanga n'kudyanso ka ababa, chifukwa anati akhuta. Iwo anangogwira kagalasi ka tiyi wa zonunkhira, akumwa pang'onopang'ono, akutembenukira kumbali pomeza. A Prakashi anaona zimenezo. Anangotsegula ambulera ija n'kuwaphimba nayo, ndipo ulendo uno ababa sanakane.

Atafunsidwa ngati tipite kukaona nyumba zakale za pakati pa mzinda, ababa anati za nyumba zakwana, iwo akufuna kumsika wa nsalu. Kumeneko ndi kumene ndinawaona bambo anga enieni. Msikawo unali wa tinjira topapatiza, nsalu zitaunjikidwa mpaka kudenga, ogulitsa atakhala pamatiresi oyera opanda nsapato. Ababa anawongoka msana. Ankagwira nsalu ndi zala ziwiri, kuitikita, kuiika kowala, n'kuibweza ndi nkhope yonyoza. Anapereka moni m'chilankhulo cha abwana awo a ku Limbe, ndipo ogulitsa anaitanizana kudzaona munthu wakuda wodziwa moni wa kwawo. Anasankha nsalu yobiriwira yokhala ndi timaluwa tagolide m'mphepete, yambiri ndithu, n'kutembenukira kwa a Prakashi.

“Achimwene, ndipezereni makina. Ndikufuna ndimusokere mwanayu lero lomwe.”

A Prakashi anati mlamu wawo ndi telala, koma amakhala kumalo komwe alendo sapitako. Ababa anati iwo si mlendo, ndi telala. Tinapita. Takisi inatisiya pamsewu, n'kulowa wapansi m'tinjira momwe anthu awiri sangadutsane osakhudzana. Madzi akuda ankayenda m'mbali, ana akutithamangira, amayi akuyanika timikate topyapyala padzuwa. Tinakwera makwerero achitsulo, ababa akupumira panjira, mpaka m'kachipinda kotentha momwe munali makina opalasa ndi phazi, ofanana ndendende ndi awo a ku Limbe. Anawasisita pamwamba ngati akupereka moni kwa mnzawo wakale.

Anatulutsa tepi m'thumba la jekete n'kundiyeza mapewa, chiuno ndi kutalika. Sanalembe paliponse, sankalemba chiyambire. Kenako anayala nsalu pansi n'kuyamba kujambula ndi choko. Mlamu wa a Prakashi uja anasuzumira, anandiyang'ana ine, anayang'ananso choko, n'kuyamba kulankhula mofulumira akuloza mizereyo, kusonyeza kuti yapitirira. A Prakashi anamuyankha mawu ochepa chabe m'chilankhulo chawo. Munthuyo anagwada, n'kugwira nsonga ya nsalu kuti ababa adule bwino.

Kusoka kunayamba bwino, makina akulira monga ndinkawamvera ndili kamwana pakhonde la ku Limbe. Koma posakhalitsa phazi la ababa linayamba kufooka. Makina ankayenda n'kuima, kuyenda n'kuima, thukuta likugwera pansalu. Telala uja anawapempha kuti awamalizire, ababa anakana ndi mutu. Ndiye telalayo analowa kunsi kwa makina, anagwada, n'kumapalasa ndi manja ake, ababa akuwongolera nsalu pamwamba. Anasoka choncho mpaka dzuwa linapendeka, anthu awiri osamvana chilankhulo, wina akangoti “eya” mnzake n'kuima.

Nditalivala diresilo ndinafuna kulira, ndipo ndinaliradi. Linali kukwekwereza pansi. Mapewa ankagwa, pachifuwa panali malo oti n'kulowamo mwana wina. Ine ndinkafuna loti ndikavale sabata yotsatira kutchalitchi ku Manchester, anzanga akaone zomwe bambo anga amatha.

“It's too big, ababa!”

“Ukuliramo,” anatero akudula ulusi ndi mano.

Ndinati ndiye akandichepetsere tikakafika kunyumba. Iwo anayamba kufunafuna singano yomwe inali m'manja mwawo momwemo. A Prakashi ananditulutsa panja, tinakhala pamakwerero paja, n'kundigulira madzi a nzimbe. Anati ayendetsa alendo ambiri mumzindawu, ndipo aliyense amagula kanthu koti kazikamukumbutsa ulendo wake, koma bambo anga sanadzigulire kalikonse. Kenako anati ndibwerere m'kati ndikawathokoze m'chilankhulo cha kwathu, osati cha kusukulu. Sindinamvetse chifukwa chake, koma nkhope yawo sinali yoti n'kutsutsana nayo. Ndinalowa, ndinagwada m'diresi langa lokwekwerezalo, n'kunena kuti, “Zikomo ababa, mwasoka bwino.” Anandiika dzanja pamutu, ndipo linakhala pamenepo nthawi yaitali. Ndi Chichewa chokhacho chimene ndinawalankhula pa ulendo wonsewo.

Zoti ndege zathu ndi ziwiri ndinazidziwira pabwalo la ndege. Amayi anati ababa ayambe apita ku Malawi kukakonza mapepala, atipeza. A Prakashi anabwera kudzatsanzikana nafe ngakhale ntchito yawo inali itatha, ndipo tsiku limenelo ananyamula chikwama cha ababa mpaka pakhomo lolowera, popanda wokoka.

Ababa anamwalira mvula yoyamba isanagwe ku Limbe. Foni inatipeza ku Manchester Loweruka m'mawa, ine ndikudya phala. Amayi anapita okha kumaliro, ine n'kutsala ndi banja lina la kutchalitchi. Ndinawakwiyira amayi zaka zambiri, ndipo sindibisa, mbali ina ya mkwiyowo ikadalipo. Iwo anali namwino, anadziwa zonse kuchokera tsiku lomwe madokotala anawatulutsa. Ankasamalira odwala a eni ake, n'kumauza ana a eni ake zoona, koma wawo anamuuza kuti akupezako bwino. Nditakula ndinawafunsa. Anati kwathu mwana sauzidwa zotero, ndipo ababa anawaletsa.

Diresi lija linakhala pansi pa sutikesi mpaka chaka chomwe ndinamaliza maphunziro ku yunivesite ku Sheffield. Ndinalitulutsa, likununkhabe pang'ono fungo la msika uja. Mapewa anakwana. Chiuno chinakwana ngati andiyeza dzulo. Koma linali lalifupi, chifukwa ine ndinatengera msinkhu wa ababa, osati wa amayi. Ndinati basi, apa pokha anaphonya. Amayi anatenga lezala kuti amasule mpendero wa m'munsi, mwina tipezeko pang'ono. Atamasula anapeza kuti nsalu inapindidwa m'kati, n'kupindidwanso, n'kupindidwanso kachitatu, yobiriwira kwambiri kuposa yakunja chifukwa sinaonepo kuwala. Titaitambasula yonse inafika pa akakolo anga. Amayi anakhala pansi pomwepo, lezala ili m'manja, n'kulira kulira komwe sindinawamvepo ngakhale pa tsiku la foni lija.

Lero ndikudziwa kuti ababa sanandinamize. Funso langa analizemba kawiri konse, koma sananene kuti abwera. Anthu a kwathu satha kumuuza mwana kuti ndikupita, pakamwa pamawalemera, ndiye amanena ndi chimene manja awo amadziwa. M'kachipinda kotentha kaja onse anamva zimene ababa ankanena, a Prakashi anamva, ngakhale telala wosadziwa Chichewa uja anamva atangoona choko. Ine ndekha, mwini diresi, ndinamva patatha zaka khumi, ndipo woti ndimuyankhe panalibe.