Dazi Si Maliro

Pamsika wa ku Nsanje palibe anandidyerapo masuku pamutu. Ogulitsa mbuzi akangondiona amayamba okha kutsitsa mtengo ine ndisanatsegule pakamwa. Ndimauza anthu kuti luso limeneli ndinabadwa nalo, ndipo umboni wake ndi malonda anga oyamba, amene ndikuwakumbukira bwino lomwe.

Ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri, kwathu kwa Tengani. Atsibweni anga, a Bizeki, ankasamala maluwa panyumba ya bwana wina kuminda ya nzimbe ku Chikwawa. Pa Isitala anabwera ndi kamtengo m'chitini cha penti, kolekeza m'bondo, masamba ake ofewa ngati nthenga za mwanapiye.

"Ngwakunja uwu, amautcha mkungudza wadazi," anatero. Tinayang'ana mutu wawo wonyezimirawo n'kufa nalo phwete. Ine ndinkayesa akudziseka okha. "Umamwa madzi ngati ng'ombe. Ndikadzaupeza wamoyo pa Khirisimasi, njinga yanga yakale ija ndi ya wousamala."

Njingayo inalibe belu ngakhale mabuleki, koma kwa mwana woyenda pansi inali ndege.

Kwathu kuno chinthu ukachikonda umachiika pamwamba, chifukwa Shire akakwiya saodira. Mbewu timapachika, nkhuku zimagona m'mwamba. Nanenso ndinakadzala kamtengo kanga pamwamba penipeni pa chulu, kuseri kwa nyumba, poti madzi osefukira asadzakaone n'komwe. Ndinkakwera ndi ndowa m'mawa ndi madzulo, madziwo n'kumatsetsereka pansi ndisanapume. Itafika Juni masamba anafiira ngati dzimbiri n'kuyamba kuyoyoka. Pofika Julaye pachulu panangotsala ndodo. Njinga ndinaiika m'manda mumtima mwanga.

Tsiku lina anadutsa a Zuze, mnansi wathu wochokera tsidya la Mozambique. Dimba lawo linali m'mphepete mwa madzi, ndipo chaka chilichonse mtsinje unkalibenthula. Anayesapo kudzala mango ndi bulugamu kuti zigwire gombe, zonse zinafa ndi madzi. Anakwera pachulu paja, nawerama, n'kukanda khungwa pang'ono ndi chikhadabo. Anayang'ana pokandapo nthawi yaitali.

"M'phale, undipatse ndodo iyi," anatero, poti mnyamata pa Chisena ndi m'phale.

Sindinawanamize. "Wauma uwo, bambo. Koma ngwakunja. Ngakhale nkhuni zake nzakunja."

"Ndikupatsa mbatata."

"Mbatata tili nazo."

"Nanga ufuna chiyani, wakuba iwe?"

"Bakha. Thadzi lija la mawanga."

Anagwira kumutu ngati amva uthenga wa maliro. Anatsika pachulu, anayenda pang'ono, anabwereranso. Pomaliza anausa moyo n'kuti, "Pyadidi, chabwino, wandipha." Ndinayenda m'mudzi monse bakha ali m'khwapa, ndikulengeza kuti ndasinthitsa ndodo youma ndi chinthu cholira.

A Zuze anaukumba mtengowo mozungulira patali, n'kuunyamula ndi dothi lake lomwe ngati khanda. Anakaudzala m'munsi mwa dimba, pamatope pamene phazi limatitimira. Anaufunditsa zinyalala za bango patsinde, nautchingira ndi minga kuopa mbuzi, ndipo udzu ukamera pafupi ankauzula ndi manja. Anthu opita kudooko ankawakuwa kuti, "A Zuze, ndodo yanu yabereka?" Iwo ankangokweza dzanja.

Dzuwa la Seputembala litayamba kuotcha, ndodo ija inatuluka timasamba tobiriwira kuyambira pansi mpaka kunsonga. Ndinapita kukaona kawiri, kuganiza kuti mwina andisinthira. Mvula itagwa kumapiri, madzi anakwera n'kumiza munsi mwa dimba. Kamtengo kaja kanaima m'madzi olekeza m'chiuno mwake, kali gwa, kobiriwira kuposa kale.

Atsibweni atafika pa Khirisimasi ndinawatengera komweko ndekha, mlandu wanga nditaukonza kale.

"Suuli wamoyo uwo? Ndinaufunira malo abwino."

"Unaufunira malo, kapena unaufunira bakha?" Anavula chipewa n'kundilozera mutu wawo. "Tayang'ana apa. Ndafa ine? Dazi si maliro, mphwanga. Mtengowu ukamva kuzizira umavula, kukatentha uvalanso. Dzina lake linakuuza kale, iwe unali kalikiliki kuseka."

Njinga anapatsa a Zuze, monga mwa mawu awo. Bakha wanga anaphedwa tsiku lomwelo kulandirira alendo, ndipo ntchafu zonse ziwiri zinapita kwa atsibweni.

M'mawa mwake a Zuze anafika pakhomo pathu akukankha njinga ija. "Ine miyendo yanga inazolowera bwato," anatero. "Uzipalasa iwe, m'phale, ine ndizikhala kumbuyo." Kuyambira pamenepo tsiku la msika ndinkawanyamula pamodzi ndi mbatata ndi maungu awo, mabuleki ali chidendene changa. Ndinkaima pambali pawo akamagula ndi kugulitsa. Sankafulumira, sankanyoza katundu wa munthu, ndipo chimene achifuna kwambiri ndi chimene ankachiyang'ana mochedwa. Ndinawafunsa tsiku lina zimene anaona pachulu paja.

"Mkati munali mobiriwira," anatero. "Komanso atsibweni ako ananena pagulu kuti mtengowo umamwa ngati ng'ombe. Ine madzi ndiwo anali vuto langa." Kenako anandigogoda pamsana. "Usanatchule mtengo wa chinthu, yamba wakanda khungwa."

A Zuze anatisiya kalekale. Mtengo wawo lero ndi wautali kuposa migwalangwa yoyandikana nawo, tsinde lake latambalala m'munsi, ndipo mizu yake yatulukira m'matope mozungulira ngati mawondo a anthu okhala pabwalo. Madzi osefukira a zaka izi atenga nyumba ndi minda yambiri, koma gombe la pamenepo lidakalipo, ndipo adzukulu awo amamangirirapo mabwato. Juni aliyense umavula, ana n'kuthamanga kukanena kuti wauma, ine n'kumaseka, dzanja lili pamutu panga pamene payambanso kuyera.

Tsono tawerengani nokha. A Zuze anatenga mtengo, njinga ndi woipalasa. Ine ndinatenga khosi la bakha, ndi ntchito imene ikundidyetsa mpaka lero. Pachulu paja anapambana ndani?