Bambo Atabwerera ku Chilomwe Chawo

Bambo anga anali telala. Makina awo ankakhala pakhonde la golosale ina ku Jenala, ndipo anthu ankabwera ndi nsalu kuchokera kutali poti madiresi osoka iwo sankang'ambika m'khwapa. Kutchalitchi ndiwo ankawerenga mawu, chifukwa Chichewa chawo chinkamveka ngati cha pa wailesi. Ndinakula mpaka kukwatiwa ndisanawamvepo akulankhula chilankhulo china.

Zoti anali Mlomwe tinkazidziwa, koma sizinkakambidwa. Anabwera kwathu ngati mkamwini m'banja la Amang'anja. Mayi anandiuzapo kamodzi, tikutonola chimanga, kuti chaka choyamba cha ukwati alamu awo ankawatchula kuti Mnguru, n'kumawafunsa ngati akufuna njoka ya ndiwo. Bambo akayankha, ana a pamudzi ankabwereza mawu awo mokoka ngati nyimbo. Tsiku lina anadziphikira kalongonda, nyemba zokondedwa ndi Alomwe zofanana ndi chitedze, kuseri kwa nyumba, ndipo amalume anga anayenda khomo ndi khomo kulengeza kuti mkamwini wayamba kudya chitedze. Kuyambira pamenepo bambo anasiya zonse ziwiri, chakudyacho ndi chilankhulocho. Mayi anati bambo analumbira kuti mwana wawo aliyense sadzasekedwa pa chitsime.

Mayi atamwalira, bambo anapitirizabe kusoka, mpaka m'mawa wina nyengo yotentha pamene anagwa pambali pa makina, mbali yakumanja itafa. Tinawatengera kuchipatala cha ku boma pa galimoto ya matola. Ine ndimagulitsa kaunjika pamsika wa pabomapo, choncho ndine ndinakhala gadiyani wawo. Mchimwene wanga ankangobwera Loweruka.

Masiku oyamba sankalankhula. Atatsegula pakamwa, munatuluka mawu amene sindinawadziwe. Ndinayesa akubwebweta. Mchimwene wanga anayamba kunong'ona za kulodzedwa. Namwino wina wachitsikana ndiye anamvetsera n'kutiuza kuti chimenechi ndi Chilomwe, koma iye ankangodziwa moni basi. Dokotala anatifotokozera kuti matendawa nthawi zina amachotsa chilankhulo chimene munthu anaphunzira atakula, n'kusiya chimene anayamwira. Bambo ankamva tikamalankhula, poti ankagwedeza mutu. Koma akafuna kuyankha, Chichewa sichinkabwera. Ankandiyang'ana, kubwereza mawu amodzimodziwo mokweza, kenako n'kumenya bedi ndi dzanja lamoyolo.

Kukhitchini ya magadiyani kunali mayi wina amene ankaphikira payekha kumapeto, pafupi ndi dzala. Anachokera tsidya la malire, kupitirira kwa Chiwalo, ndipo ankadwazika amuna awo amene anatupa miyendo. Azimayi ena sankawatchula ndi dzina la mwana monga tinkachitira tonse. Ankangoti wa ku Mozambiki uja. Akapempha moto, ankapatsidwa munthu atayang'ana kumbali. Chitenje cha wina chitasowa pachingwe, thumba loyamba kukhuthulidwa linali lawo, ndipo chitenjecho chitapezeka pansi pa mphasa ya mwiniwake, palibe anapepesa. Mayiwo anatolera zinthu zawo pansi, n'kupitiriza kukoleza moto.

Amuna awo anagona mu wodi imodzi ndi bambo, pafupi ndi khomo. Masana ena mayiwo akudutsa ndi beseni, anamva bambo akufuula mawu awo aja. Anaima, anaika beseni pansi, n'kuwayankha. Bambo anatembenuzira mutu kwa iwo. Kenako theka la pakamwa pawo linaseka, misozi ikutsikira m'khutu.

"Akufuna madzi," anatero mayiwo m'Chichewa chothyokathyoka. "Akuti maahi. Inu mukungowapatsa phala."

Kuyambira tsiku limenelo, akamaliza kusamalira amuna awo, ankabwera kudzakhala pansi pambali pa bedi la bambo. Ankacheza mpaka nthawi yotulutsa magadiyani. Bambo amene ndinkawadziwa anali munthu wa mawu ochepa, wowerengera chilichonse asanachinene. Awa anali ena. Ankalankhula mothamanga, kutsutsa, kuseka mpaka kutsamwa. Ine ndinkakhala kumiyendo n'kumadikira kuti andigawireko. Koma Chichewa cha mayiwo chinali chochepa, ndipo pa nkhani yaitali ankanditapira chiganizo chimodzi.

Mwa zidutswa zimenezi ndinamva kuti bambo anawoloka malire ali pamsana pa amayi awo, pothawa ntchito yokakamiza. Ndinamva kuti anali ndi mlongo wawo wamkulu amene anatsala kwa amalume awo chifukwa cha chilonda cha paphazi, ndipo analonjezedwa kuti adzamutenga mvula ikatha. Palibe anabwerera. Ife tinakula tikudziwa kuti bambo anabadwa okha. Mayiwo anati dera limene bambo ankatchula analimvapo, koma n'kutali ndi kwawo, ndipo nkhondo ya kumeneko inabalalitsa anthu ambiri.

Tsiku lina ndinalimba mtima. Ndinawapempha kuti awafunse bambo chifukwa chake sanatiphunzitseko ngakhale pang'ono, m'nyumba mokha, chitseko chili chotseka. Bambo anamva funsolo lisanamasuliridwe. Anayankha nthawi yaitali, maso ali kudenga, ndipo mawu awo ankatsika mpaka kunong'ona. Atamaliza, mayiwo anakhala akupotokola nsonga ya chitenje chawo.

"Anena chiyani?" ndinafunsa.

"Anena zambiri, mwanangu. Chichewa changa sichikwana kunyamula. Mawa ndiyesa."

Mawa lake amuna awo anamwalira dzuwa likutuluka. Pachipatala pali mwambo woti mtembo ukamapita kumotchale, magadiyani onse amasiya miphika n'kuperekeza akuimba. Tsiku limenelo tinaperekeza anthu owerengeka, ndipo nyimbo inafera panjira. Achibale awo anafika masana ndi lole yonyamula nandolo. Ndinawathandiza mayiwo kukweza mtolo wa ziwiya, ndipo anandigwira dzanja n'kunena kuti ndiziwatembenuza bambo pafupipafupi kuti asachite zilonda. Za funso lija sindikanatha kuwakumbutsa pamaliro. Dzina la mudzi wawo sindinalidziwe. Madzulo ake bambo anayang'anitsitsa kukhomo mpaka anagona osadya.

Atatuluka m'chipatala, ndinawatengera kwanga. Ndinkaganiza kuti kupeza womasulira sikuvuta, poti m'boma lathu Alomwe ndi ambiri. Koma ambiri amene ndinawafunsa ankaseka mwamanyazi n'kunena kuti Chilomwe chinapita ndi makolo. Ena ankamva koma osatha kuyankha. Tinapeza mkulu wina kuseri kwa phiri, ndipo tinkamutumizira kabaza Lamulungu. Anali wogontha khutu, komanso Chilomwe chake chinali chosiyana ndi cha bambo. Ankakuwizana kwa kanthawi, kenako onse n'kutopa, n'kumangoyang'ana nkhuku pabwalo. Mvula itayamba, msewu unaduka ndipo sanabwerenso.

Mchimwene wanga anaitanapo achinyamata ovina tchopa, amene masiku ano amavina pa misonkhano atavala zikopa ndi mikanda. Bambo anawaonera ali pampando, dzanja lamoyo likutsatira ng'oma pa bondo. Gule atatha, anaitana mtsogoleri wawo n'kumuuza kanthu mosangalala. Mnyamatayo anagwada, anamvetsera, n'kuvomera kuti nyimbozo amangoziloweza pamtima. Bambo anamusisita paphewa n'kumulola apite.

Ndinaphunzira mawu angapo: madzi, kupweteka, bwera, zikomo. Anali okwanira kusamalira thupi lawo. Masana ndikamawasambitsa mapazi pakhonde, ankandilankhula nthawi yaitali, mwina nkhani, mwina malangizo, mwina yankho lija. Ine ndinkangoti eya bambo, eya. Ankadziwa kuti sindikumva. Nthawi zina ankalekeza pakati, n'kutembenukira kukhoma. Ana anga, amene kale ankalimbirana kukhala pamiyendo pawo, anayamba kuwazemba, osati chifukwa cha mwano, koma poti sankadziwa choti ayankhe.

Anamwalira titangomaliza kukolola. Dzulo lake masana anandigwira pamkono mwamphamvu, n'kunena mawu ochepa, kuwabwereza pang'onopang'ono monga amachitira mphunzitsi ndi mwana wa sitandade wani. Ndinawabwereza, ndipo anapukusa mutu kukana. Ndinayesanso, anatseka maso.

Pamaliro, akulu a mpingo anayamikira mmene bambo ankawerengera mawu momveka bwino, mwakuti ngakhale wokhala kumbuyo sankaphonya kanthu. Ana a amalume anga aja, olengeza za chitedze, ndiwo ananyamula bokosi, ndipo analira moona mtima.

Mawu otsirizawo ndimawakumbukirabe mmene anamvekera m'khutu langa. Pamsika akabwera wogula wachikulire wochokera kumalire, ndimadikira asankhe zovala, kenako ndimawanena. Mayi wina anati mwina ankadandaula kuti akumva kuzizira. Bambo wina anandiuza kuti ndibwerezenso, anapendeketsa mutu, n'kunena kuti mawu otere kulibe, ndiyenera kuti ndikuwatchula molakwika.