Khomo la Alendo

Amake mapasa ankasita zovala kuhotela. Manja awo anali zipsera zokhazokha, koma malaya akachoka m'manja amenewo ankachita kuima okha. Ntchitoyo inali ndi kachipinda kake m'nyumba za antchito, momwe ankakhala ndi ana awo awiriwo. Bambo a anawo anachoka kalekale.

Tsiku lina diresi la mlendo linapsa pachifuwa. Simbiyo inali yowonongeka kale, yotentha mmene yafunira, koma akapitawo anati wolakwa ndi woigwira. Anawalanda yunifolomu, n'kuwauza kuti kiyi wa chipinda abweze mwezi ukatha.

"Ngati simukukhutira, kachiteni apilo kwa abwana aakulu, pamwamba paja," anatero akapitawo. "Koma musachedwe, ili ndi nthawi yake."

Vuto linali khomo. Antchito amalowera kuseri, ndipo mlonda salowetsa munthu wopanda yunifolomu. Khomo lakumaso ndi la alendo, lagalasi, lotseguka lokha. Zaka zonsezo Amake mapasa anali asanapondepo. Anapita m'mawa wina n'kuima tsidya la msewu. Anayang'ana anthu a masutikesi, anayang'ana masilipasi awo, basi anabwerera. Mawa lake chimodzimodzi.

Alamu awo, okonza mawailesi, anaseka atamva.

"Alamu, okuchotsani ndi iwowo, oweruza akhalenso iwowo? Tiyeni kukhoti. Ine malamulo ndimakhalira kuwamva m'mawailesi a eni ake."

Amake mapasa kukhoti kunawakomera, poti khomo lake ndi limodzi, wansapato ndi wamasilipasi amalowera pomwepo. Anayendera mpaka mwezi unatha, wina n'kuyamba. Kiyi sanabweze. Akamva kugogoda ankauza ana kuti akhale chete.

Tsiku la mlandu, woweruza anafunsa mofatsa.

"Mayi, apilo kuntchito kwanu munachita?"

"Ayi, bwana."

"Anakukanizani?"

"Sanandikanize. Sindinalowe."

"Chifukwa?"

Amake mapasa anawerama. Akanati chiyani pamaso pa anthu onsewo, kuti munthu wamkulu, wa ana awiri, ankaopa chitseko?

"Ndiye mlanduwu sitingaumve panopa," anatero woweruza. "Njira inalipo, simunayende. Kayambireni komweko."

Panja, alamu anakumbukira kuti kasitomala akuwadikira.

Amake mapasa anapita kuhotela kuja okha, wapansi, osaima tsidya la msewu. Chitseko chinawatsegukira ngati mmene chimachitira ndi aliyense. M'kati munali mozizira, ndipo masilipasi ankalira pa matailosi. Mtsikana wolandira alendo, yemwe iwo ankamusitira mabulauzi, anawamvetsera n'kuimba foni pamwamba. Anayankha eya kangapo, maso ali pa tebulo.

"Amayi, akuti nthawi ya apilo inatha kale." Anaika foni pansi. "Akutinso poti mwabwera, musiye kiyi."

Kiyiyo anali pachingwe m'khosi mwawo. Anamugwira chomufumbata.

"Mwanawe, ana ali kusukulu. Akaweruka akafikira kuti?"

Mtsikanayo anabwezera maso pa tebulo. Kumbuyo kwawo kunali kutaima mlendo ndi sutikesi, akuyang'ana wotchi.