Maliro a Bambo Anga mu Kanema

Mzungu amene ndinkamugwirira ntchito ku Doornfontein, ku Joni, anatha zaka zambirimbiri akujambula makanema oopsa, koma sindinaonepo munthu akuopa. Afiti ake ankavala makatani akale. Magazi ndinkapanga ndine ndi tomato sosi, moti ntchentche za m'tauni monse zinkatidziwa. Ku holo anthu ankaseka mpaka kugwira nthiti, iye n'kumati ndi mantha amenewo.

Chaka china anafuna nkhalamba yoti igone m'bokosi, kenako idzuke pakati pa maliro. Ndinabweretsa bambo anga. Iwo anachoka ku Dedza ali mnyamata, mgodi unawatafuna n'kuwalavula, kumudzi osabwererako, mtchona weniweni. Mantha awo anali amodzi: kuikidwa ku Joni kuno ngati galu, popanda wowalira mwachikwathu.

Anagona bwinobwino, suti yobwereka, ufa kumaso. Kamera itangoyamba, mtembo unadzuka nthawi isanakwane.

"Hayi wena, mlungu!" anatero bambo kwa mzunguyo m'chilankhulo cha kumgodi. "Azimayi pamipando? Pamaliro? Akhale pansi!"

Mzungu anakuwa kuti agone. Anagonadi, koma anadzukanso: amuna atuluke panja, nyimbo imeneyo ndi yaukwati, nanga adzukulu onyamula bokosi ali kuti? Mzungu atatopa, anandituma ku Marlboro kukatenga azimayi a kutchalitchi ochokera kwathu. Anabwera ndi zitenje zawo, anakhala pansi n'kuyamba kulira zenizeni, aliyense akutchula abale ake amene anawasiya kumudzi. Nthawi yodzuka itakwana, bambo anakana. Mzungu anawachonderera, thukuta lili kamukamu, filimu ikutha, koma iwo anangogona phee akumvetsera, misozi ikutsuka ufa uja.

Kanemayo sanayende malonda, ngati anzake onse. Ndani angaope mtembo wolira?

Bambo anamwalira patapita zaka zochepa, mkati mwa sabata. Azimayi aja mabwana awo sanawamasule. Tinawaika tili ochepa, mothamanga, woyendetsa galimoto akuyang'ana wotchi chifukwa maliro ena ankamudikira. Zinandipweteka kwambiri, ndipo zimandipwetekabe. Koma ndimakumbukira zimene ananena tsiku lija potuluka m'bokosi, akusasa ufa pa suti ya eni ake:

"Basi mwana wanga, anga ndawaona. Enawo mudzangokwirira."